Tambala Amene Anatsala Pang'ono Kundichotsa Ntchito

Anthu ambiri a kwathu anabwera ku Joni atadalira mphamvu za m'mikono, koma ine ndinabwera ndi satifiketi ya Fomu 4 yokulunga m'pulasitiki, ndipo sindinkabisa kuti ndili nayo. Ndinayamba ngati kalaliki wa pamgodi, wolemba matikiti a anzanga otsika pansi. Mgodi utandikwana ndinapeza ntchito ya umesenjala pa yunivesite ina ya m'tauni, ndipo ndinaigwira mpaka imvi zinayamba kutuluka m'mbali mwa makutu. Ntchito yake inali kunyamula mafayilo kuchoka ofesi ino kupita ofesi iyo, kukwera masitepe ndi kutsika tsiku lonse. Sindinkadana nayo, koma mtima unkandiwawa ndikamapereka envelopu kwa kamtsikana kachizungu kongochoka kumene kusukulu, kali pampando wofewa, ine ndi Fomu 4 yanga nditaima pakhomo kudikira kuti kasayine.

Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990 zinthu zinayamba kufewa. Maofesi amene kale munthu wakuda ankangolowamo ndi tsache kapena thireyi ya tiyi anayamba kutilola kukhala pampando. Tsiku lina pabolodi la zidziwitso anamatapo kuti akufuna kalaliki mu ofesi yolembetsa ophunzira, ndipo wofunsira ntchitoyo akhale ndi matiriki kapena maphunziro ofanana nayo. Matiriki ndi mayeso omaliza a sekondale kumeneko, ndipo eni ake amaitchula ngati inatsika kuchokera kumwamba. Ine nditawerenga mawu akuti "ofanana nayo" ndinati awa alembera ine.

Sikuti ndinkangofuna mpando wofewa. Pa yunivesite imeneyo panali lamulo lakuti ana a akalaliki okhazikika aziphunzira osalipira, koma ana a mamesenjala ndi a osesa ayi. Ine ndinali ndi mwana mmodzi wamkazi, wobadwira ku Joni konko, amene chaka chimenecho ankamaliza sekondale ku Tembisa kumene tinkakhala. Anali wanzeru kuposa bambo ake, ndipo izi ndimavomera ngakhale sindikonda kuvomera zinthu. Ankafuna kuphunzira za miyala ya pansi pa nthaka. Ndinkamuseka kuti agogo ake ambiri anaiphunzira kale miyalayo ndi fosholo popanda mphunzitsi, iye n'kumandiyankha kuti n'chifukwa chake golide anapita kwa ena. Malipiro a mesenjala sakanamufikitsa ngakhale pageti la yunivesite.

Ndinafunsira ntchitoyo, anandiitana, ndinayankha mafunso awo thukuta lili kamukamu, ndipo ananditenga. Ndinagula tayi yofiira imene akazi anga ankati ikundionetsa ngati mlaliki wa pasiteshoni. Anandipatsa zenera langa, chidindo changa ndi kabati yokhala ndi kiyi. Tsiku loyamba mesenjala watsopano atabwera ndi envelopu kuti ndisayine, ndinamuuza kuti ayambe wakhala pansi, kenako ndinasayina pang'onopang'ono kuti ndimve kukoma kwake.

Koma walira mvula walira matope. M'chipinda cha makalata munali mnyamata wina wamtali, wobadwira ku Alexandra, amene ntchito yake inali kukankha kangolo ka makalata m'makonde. Nayenso anali atafunsira ntchito yomweyo, ndipo iye anali ndi matiriki yeniyeni. Sipanapite nthawi ndinamva kuti wapita kubungwe la ogwira ntchito, ndipo bungwelo lasumira yunivesite kukhothi loona milandu ya pantchito. Dandaulo lawo linali lakuti satifiketi ya ku Malawi siifanana ndi matiriki, choncho yunivesite inaphwanya mawu ake omwe pondilemba ine n'kusiya munthu amene anali ndi zonse zimene ankafuna.

Ndinapsa mtima kwambiri. Kundilanda ntchito ndi nkhani ina, koma kunena kuti Fomu 4 ya kwathu ndi yoperewera kunali kutukwana aphunzitsi anga onse, amoyo ndi akufa omwe. Ife tinkaloweza mitsinje ya dziko lonse lapansi, ndipo wolakwitsa umodzi ankakalima m'munda wa sukulu mpaka dzuwa kupendeka. Ndiye kamwana ka dzana kabwere kudzandiuza kuti sindinaphunzire? Tikakumana m'khonde iye ankayang'ana makalata ake, ine n'kumayang'ana kudenga, ndipo tinkadutsana ngati sitinadyereko limodzi buledi pa nthawi ya tiyi.

Yunivesite inalemba loya wake, mayi wachizungu wamfupi wa magalasi aakulu, wosuta fodya mosalekeza. Anandiitana ku ofesi kwake n'kundifotokozera mosapita m'mbali. Anati mlanduwu ndi wa pakati pa mnyamatayo ndi yunivesite, koma khothi likagamula kuti satifiketi yanga ndi yoperewera, ntchitoyo idzalengezedwanso ndipo ine ndidzabwerera kumasitepe anga. Ndinafunsa za sukulu ya mwana wanga, iye anati imeneyo idzapita limodzi ndi mpandowo. Potsiriza anandiloza ndi ndudu yake n'kundichenjeza kuti ndisalankhule ndi mnyamatayo ngakhale pang'ono, ine kapena m'bale wanga aliyense, kufikira mlandu utatha. Ndinamutsimikizira kuti zimenezo n'zosavuta, chifukwa ndinalibe naye mawu.

Kunyumba ndinafotokozera akazi anga zonse, ndi chenjezo la loya lomwe. Iwo anamvetsera, ndipo sabata yomweyo nkhani inali itafika kwa amalume. Amalume anga, mlongo wawo wa mayi anga, anali khukhi panyumba ya azungu ena ku Rosebank, ndipo ankakhala m'kachipinda ka kuseri kwa galaja. Analinso wapampando wa bungwe lathu la maliro, limene linkaonetsetsa kuti Mmalawi akamwalira ku Joni asaikidwe ngati munthu wopanda kwawo. Chifukwa cha udindo umenewu ankadziwa Mmalawi aliyense kuyambira ku Soweto mpaka ku Tembisa, ndi mudzi umene anachokera, ndi amene anamuthawa. Atangomva dzina la mnyamatayo anagwira pakamwa. Bambo ake anali mkulu wina wa ku Machinga, Msilamu, amene anagwira ntchito mumgodi kalekale n'kukwatira mayi wachizulu, ndipo ankasonkha nawo m'bungwe lathu.

Amalume anandiitanitsa kukachipinda kawo. Anandipatsa tiyi ndi keke yotsala ya abwana awo, kenako anayamba. Anati n'zamanyazi kuti ana awiri a ku Malawi akaimirire pamaso pa mzungu n'kumavulana zovala pamene akuluakulu alipo. Anati kwathu moto ukabuka pakati pa nyumba ziwiri, akulu amapita kukauzimitsa usanafike padenga. Ndinawauza kuti mnyamatayo sakudziwa ngakhale njira ya ku Machinga, kuti wasumira yunivesite osati ine, ndiponso kuti loya waletseratu. Ndinabwereza za loyayo mpaka anagwedeza mutu n'kunena kuti amva. Ndinachoka mtima uli m'malo, kuiwala kuti amalume akati amva amatanthauza kuti makutu awo ali bwino.

Mlandu unali woti uyambe Lachitatu. Lamulungu lake akazi anga anandiuza kuti akatuluka m'tchalitchi apita kukaona mnzawo wodwala, ndipo ine ndinatsala pakhomo ndikusita malaya a kukhothi. Dzuwa litapendeka ndinaona akubwera, amalume ali patsogolo atavala jekete yawo ya pamaliro, nkhope ikuwala. Paphewa la jeketeyo panali nthenga yoyera. Anakhala pampando wanga, anapempha madzi, n'kunena kuti ndisadandaulenso chifukwa mlandu watha.

Anafotokoza okha monyadira. Anagula tambala woyera wamkulu kumsika wa ku Alexandra, wamoyo, chifukwa Msilamu sungamupatse nkhuku yopha wekha, ayenera kuzinga yekha. Anamunyamula m'khwapa mpaka kunyumba ya mkulu uja, kufupi ndi mafakitale a ku Marlboro. Akazi anga anapita nawo chifukwa nkhani yotere munthu sapita yekha. Mnyamata sanamupeze, anali kumsonkhano wa bungwe lake. Mkuluyo anawalandira bwino, anawayalira mkeka, anakambirana za mvula ya kumudzi ndi za anthu amene anamwalira. Kenako akazi anga anagwada, amalume anaika tambala patsogolo pa mwini nyumba, n'kulankhula mawu amene amalankhulidwa.

Ndinafunsa kuti mawu ake ati, ngakhale ndinkawadziwa.

"Ndinati, achikulire, tabwera kudzazimitsa moto. Talakwa ndife, mutikhululukire," anatero amalume.

"Talakwa chiyani, amalume?"

"Palibe chimene talakwa. Koma ukapita ndi nkhuku umati chiyani? Umati takhoza?"

Ndinaimirira, ndinakhala pansi, ndinaimiriranso. Ndinalankhula zambiri madzulo amenewo, zina zosayenera kuuza amalume a munthu. Iwo anangondiyang'ana ngati mwana amene akukana mankhwala, n'kunena kuti mkuluyo walandira tambala ndi manja awiri, ndipo munthu wolandira ndi manja awiri sabweza. Akazi anga anati ndikafuna kukalipa ndikalipire iwowo, chifukwa ndi amene anasankha tambalayo, ndipo anali wonenepa bwino.

Lolemba m'mawa ndinapita kwa loya wathu kukaulula. Anandimvetsera mpaka kumapeto, anavula magalasi, anagwira kumaso ndi manja onse awiri. Anandifunsa ngati nkhukuyo inali yamoyo, ndipo nditavomera anapuma ngati zimenezo zawonjezera mlandu. Anati a mbali inayo adzanena zinthu ziwiri: kuti banja langa lavomereza lokha kuti ntchitoyo sindinayenere kuipeza, ndiponso kuti tinapita ndi chiphuphu kukatseka pakamwa wodandaula. Anati akuluakulu a yunivesite sakonda manyazi, ndipo zikaipa akhoza kusamba m'manja n'kundisiya ndekha. Ndinayesa kumufotokozera kuti kwathu mawu akuti talakwa pa nkhani yotere ali ngati kugogoda pachitseko, koma iye anati woweruza sanakulire kwathu.

Masiku awiri amenewo anali owawa. Chimene chinandipweteka koposa chinali mwana wanga. Anamva zonse, poti nyumba ya zipinda ziwiri ilibe chinsinsi. Lachiwiri madzulo anabwera pamene ndinakhala n'kundiuza kuti ndisadere nkhawa, mnzake wina wamuuza kuti kufakitale ya mabokosi ku Marlboro amalemba atsikana akamaliza mayeso. Ananena akumwetulira kuti andilimbitse mtima. Ndinamuuza kuti apite akawerenge mabuku ake, ndipo ndinatuluka panja chifukwa sindinafune kuti aone nkhope yanga.

Khothi lake silinali ngati la m'mafilimu. Chinali chipinda wamba m'nyumba ya maofesi m'tauni, chokhala ndi matebulo, mipando ya pulasitiki ndi fani imene inkalira kuposa mmene inkapepera. Woweruza anali mzungu wachikulire wofiira khosi, wovala suti yotuwa, wooneka kuti anamva kale mabodza a mitundu yonse. Loya wa mnyamata uja anali wachinyamata, wakuda, wa suti yokongola ndi lilime lakuthwa, moti ndikanakhala kuti sindinali ine nyama yake ndikanamuombera m'manja. Kumbuyo, pamipando ya anthu ongoonerera, kunali akazi anga ndi amalume, amene anabwera osaitanidwa atauza abwana awo kuti kwagwa maliro. Pambali pawo panakhala mkulu wina woonda wa ndevu zoyera ndi kofia yoyera, ndodo ili pakati pa miyendo. Sindinafunse kuti ndi ndani.

M'mawa wonse unathera pa satifiketi yanga. Inayenda m'manja mwa anthu ambiri tsiku limenelo kuposa zaka zonse zimene inakhala m'sutikesi. Anaitana katswiri wina wa za maphunziro, amene analankhula nthawi yaitali n'kumaliza ndi kunena kuti pa maphunziro ena ndi yofanana ndi matiriki, pa ena ndi yoposa, pa ena ndi yoperewera, kutengera amene akufunsa. Kenako anaitana mkulu woona zolemba anthu ntchito pa yunivesite. Loya wachinyamata uja anamufunsa kuti mawu akuti "ofanana nayo" amatanthauza chiyani ndipo analembedwa pati. Bamboyo anatsegula fayilo, anaitseka, anamwa madzi, n'kuvomera kuti palibe amene anakhalapo pansi kulemba tanthauzo lake, chifukwa kale anthu a masatifiketi a kutsidya kwa mtsinje wa Limpopo sankafunsira ntchito zoterezo. Woweruza analemba zimenezo osakweza mutu.

Titabwera kokadya masana, loya wa mnyamata uja anaimirira, anamanga batani la jekete, n'kunena kuti pali nkhani ina yolemetsa imene khothi liyenera kudziwa. Anafotokoza za ulendo wa Lamulungu, za mawu akuti talakwa, ndi za mphatso imene inasiyidwa panyumba ya wodandaula masiku ochepa mlandu usanayambe. Woweruza anafunsa kuti mphatso yanji. Loyayo anati tambala. Woweruza anasiya kulemba. Anandiimika ine, ndipo ndinalumbira kuti sindinatume munthu ndipo ndinadziwa zonse zitachitika kale. Loyayo anandifunsa ngati amalume anga ali ndi chizolowezi chopepesa pa zinthu zimene palibe walakwa, ndipo ndinayankha zoona zokhazokha, kuti inde. Ndinaona loya wathu akutseka maso.

Apa ndi pamene amalume anaimirira kumbuyo kuja, chipewa chili pachifuwa, n'kunena m'Chingerezi chawo cha kukhitchini kuti munthu amene akukambidwayo ndi iwowo ndipo ali pompano. Maloya onse awiri anayamba kulankhula nthawi imodzi, koma woweruza anawakhazika pansi n'kuitana amalume kutsogolo. Ndikuganiza kuti anali atatopa ndi masatifiketi. Amalume anafotokoza modekha, kusakaniza Chingerezi, Chizulu ndi Fanakalo, chilankhulo cha kumgodi, kuti chiphuphu munthu amapereka mobisa, koma iwo anayenda ndi tambala masana dzuwa likuswa mtengo, akulira m'khwapa msewu wonse. Anati sanapite kukagula munthu, anapita kukapempha kuti nyumba ziwiri zisadane chifukwa cha mpando wa mzungu, pepani bwana.

Woweruza anati wamva, kenako anafunsa funso limene palibe loya anali ataliganizira. Anati popeza tambalayu ndi umboni, ali kuti tsopano? Loya wachinyamata anatembenukira kwa mnyamata wake. Mnyamatayo anayang'ana pansi. Kenako mkulu wa kofia uja anagogoda ndodo pansi n'kuyankha ali chikhalire, m'Chichewa chomveka bwino.

"Tinadya."

Amalume anamasulira mokondwa. Zinadziwika kuti alendo atangochoka mkuluyo anazinga tambala, akazi ake anaphika ndi mpunga, ndipo mnyamata pobwera kumsonkhano ali ndi njala anadya osafunsa, mpaka anapempha chiwalo china. Anadziwa kumene ndiwoyo inachokera m'mawa mwake, bambo ake atamuuza kuti mlandu ausiye. Anathamangira kwa loya wake n'kumufotokozera zonse, kupatula za mpungazo. Woweruza anayang'ana loyayo pamwamba pa magalasi n'kufunsa ngati wamva bwino kuti wodandaula wadya umboni. Anthu anaseka, ngakhale mlembi wa khothi anabisa nkhope m'mapepala. Loya wathu anatsokomola nthawi yaitali, ndipo sichinali chifukwa cha fodya.

Phokoso litatha, woweruza anafunsa amalume kuti kwawoko zikafika pamenepa chimachitika n'chiyani. Amalume anati pakamwa pamene padya sipakuwanso, chotsala ndi kukhala pansi n'kukambirana. Woweruza anati lamulo la dziko lino silidziwa atambala, ndipo sawerengera kalikonse pa mawu a Lamulungu aja, kaya kundithandiza kaya kundipweteka. Koma anati lamulo lomwelo limamulola kutumiza anthu kuti akayambe akambirana, ndipo malinga ndi zimene wamva m'mawa, yunivesite ingachite bwino kukambirana msanga iye asanalembe maganizo ake pa mmene imalembera anthu ntchito. Anaimitsa mlandu n'kutuluka, mapewa akugwedezeka pang'ono.

Maloya ndi akuluakulu a yunivesite anadzitsekera m'chipinda china, ife tinatsala m'khonde. Mnyamata uja anali atapsa mtima ndi manyazi, ndipo anapita kwa bambo ake.

"Hayi baba, kuno si ku Nyasaland. Mwandichititsa manyazi phambi kwa abantu," anatero, Chichewa chake chikutsimphina.

"Wadya, mwanawe," anayankha mkuluyo.

Mnyamatayo anakakhala pabenchi yekha. Sindikudziwa chimene chinandikankha, mwina kutopa, koma ndinapita kukakhala pambali pake. Loya anali ataletsa, koma loya yemweyo anali ataona kale zoopsa kuposa zimenezi. Iye anayamba yekha kulankhula. Anati matiriki yake anailemba zaka zimene sukulu za m'malokeshoni zinkangotsekedwa ndi kutenthedwa, akuwerengera pansi pa tebulo la mayi ake pamene kunja kukununkha utsi wokhetsa misozi. Anzake ambiri sanamalize. Iye anamaliza, ndipo mphoto yake inali kangolo ka makalata zaka ndi zaka. Ntchito yoyamba itatseguka anaipereka kwa munthu wina, ndipo atafunsa chifukwa palibe anamuyankha. Anati analibe nane chifukwa, ankangofuna kuti wina amuyankhe.

Mkwiyo umene ndinausunga miyezi yonse ija unandithera pomwepo, ndipo ndinamva chisoni, chifukwa ululu umene ankanenawo ndinkaudziwa bwino, ndinaima nawo pamakomo a maofesi omwewo. Ndinamuuza za mwana wanga ndi miyala yake. Sankadziwa. Anafunsa kuti amakhoza bwanji masamu, ndinamuuza, anaimba kaluzu. Sitinagwirane chanza kapena kulonjezana kanthu. Koma pamene amalume anabwera ndi mabotolo a zakumwa zoziziritsa kukhosi, iye analandira lake, atayamba wafunsa ngati nalonso lili ndi tanthauzo.

Mbali ziwirizo zinagwirizana tsiku lomwelo dzuwa lisanalowe. Yunivesite inali itaona kuti ikalimbalimba, chigamulo chidzaionetsa poyera kuti inkalemba anthu mongoganizira. Ine ndinatsala pazenera langa. Mnyamatayo analonjezedwa molemba kuti malo a kalaliki oyamba kutseguka adzakhala ake, ndipo anatsegukadi chaka chitangoyamba, mu ofesi yathu yomweyo. A yunivesite anakhazikitsanso komiti yolemba tanthauzo la mawu aja akuti "ofanana nayo", imene inakumana kambirimbiri n'kumwa tiyi wambiri. Chimene chimandinyong'onya mpaka lero n'chakuti palibe amene anagamula kuti Fomu 4 yanga ndi yofanana ndi matiriki. Ndinapita kukhothi kukatsuka dzina la aphunzitsi anga, ndinabwerako nkhani yonse ili ya nkhuku. Amalume ndiwo anapindula, chifukwa pamaliro aliwonse kuyambira pamenepo ankafotokoza mmene anaphunzitsira mzungu malamulo, ndipo tambala ankakula chaka ndi chaka.

Mwana wanga anakhoza mayeso ake bwino lomwe, ndipo yunivesite inamupatsa malo. Sabata yolembetsa ophunzira atsopano ndi nthawi yovuta mu ofesi ngati yathu. Mizere imatuluka pakhomo mpaka kukhota pakona, kumatentha, ana amabwera ndi zithunzi zolakwika, makolo amakalipa. Ine ndinali pazenera langa ndi tayi yanga, ndikudinda mapepala osapuma. Cha m'ma teni koloko ndinakweza mutu, ndinamuona pamzere wanga, atavala diresi imene mayi ake anamusokera, envelopu ili pachifuwa. Anali atasankha dala mzere wanga ngakhale unali wautali kuposa ina. Ndinayamba kufulumizitsa anthu a patsogolo pake mwa njira imene sindinganyadire.

Atafika anandipatsa moni wa ulemu ngati sitinachokere nyumba imodzi m'mawawo, n'kulowetsa envelopu pansi pa galasi. Ndisanaitsegule, mayi woyang'anira ofesi yathu anandigwira paphewa n'kundikumbutsa chapansipansi kuti kalaliki saloledwa kulembetsa m'bale wake. Anali kunena zoona, lamulolo ndinkalidziwa, ndinali nditangoliiwala dala. Ndinabweza envelopu n'kuuza mwana wanga kuti apite pazenera lotsatira. Pazenera limenelo panali mnyamata uja, atavala tayi yakuda, ali mu sabata zake zoyamba.

Pakati pa zenera langa ndi lake panali thabwa lopyapyala, moti sindinkamuona koma ndinkamva zonse. Ndinamva akutsegula envelopu. Ndinamva akutembenuza pepala lililonse, pang'onopang'ono, monga munthu amene sakufuna kuti tsiku lina wina adzanene kuti analembetsa munthu wosayenera. Anamufunsa dzina, anamufunsa tsiku lobadwa, anamufunsa ngati bambo ake ndi wogwira ntchito pano wokhazikika ndipo ali pa udindo wanji. Mwana wanga anayankha mokweza pang'ono kuti ndi kalaliki. Panapita kanthawi kamene kwa ine kanatalika kuposa tsiku la kukhothi lija, kenako chidindo chinagunda patebulo mpaka thabwa linanjenjemera.

Patsogolo panga panali pataima mnyamata wina wa chikwama chachikulu, amene anali atandipatsa kale mapepala ake. Sindikudziwa kuti anadikira nthawi yaitali bwanji. Anagogoda pagalasi mwaulemu n'kufunsa kuti, baba, kodi zenera lino likugwira ntchito? Ndinamuuza kuti likugwira, angondipatsa kamphindi, chifukwa zilembo za papepala lake sindinkaziona.